Zaka Zimene Sizinali Zanga

Nditabwerako ku nkhondo ndinalumbira pamaso pa amayi anga kuti sindidzawolokanso Shire. Ndinalumbira ndithu, mpaka kuloza chala kumwamba ngati mwana. Zaka zisanu ndinagona m'maiko a eni, ndipo pofika kwathu ku Neno ndinapeza manda a bambo anga atamera kale tsekera. Palibe anandiuza kuti akudwala, palibe anandiuza kuti atisiya. Ndinaima pamandapo ndi jombo zanga zausilikali ngati chitsiru, osadziwa ngakhale mbali imene kunali mutu. Tsiku limenelo ndinati basi, za maulendo ndathana nazo, ndidzafera konkuno.

Ndinakwatira m'mudzi wina kufupi ndi Matandani, n'kukhala mkamwini monga amuna onse akwathu. Anandipatsa munda wa pamtsetse, wamiyala, umene akamwini awiri anali ataulephera kale. Sindinadandaule. Tinabereka mwana wamkazi, ndipo moyo unayamba kuoneka ngati moyo. Kenaka inabwera njala ya 1949. Amene anaiona safuna kuikamba, nanenso sindiikamba yonse. Amuna ambiri anathawa, ati akukafuna chakudya, osabweranso. Ine ndinakhala. Tinagulitsa mbuzi, tinagulitsa nkhuku, jasi langa la ku nkhondo linapita, jombo zija nazonso zinapita. Kamtsikana kathu kanatupa miyendo, tsitsi n'kufiira ngati ndevu za chimanga. Kanapulumuka, koma kanatsala kofooka, kongokhala pakhonde anzake akusewera.

Njala itatha, mavuto sanathe. Mbewu tinali titadya, ziweto kunalibe, msonkho unali kutidikira, ndipo mkazi wanga anali ndi pakati pena. Amalume ake a mkazi wanga, eni mbumba, anayamba kundilasa ndi mawu. Sanali munthu woipa, koma pakamwa pawo panali minga. Akandipeza ndikusula khasu ankati, “Akamwini anzanu ali ku Joni akutumiza mabulangete. Inu mukutumiza chiyani, nthano za ku nkhondo?” Ndinkangopitiriza kusula khasu langa. Mkamwini sayankha. Koma mumtima ndinkadziwa kuti ngati sindipeza ntchito konkuno, njira inali imodzi yokha, ya kumigodi ya ku Joni komweko, ndipo ndinkaiopa kuposa mmene ndinkaopera zipolopolo.

Nthawi imeneyo alimi a tirigu ndi mbatata ya kachewere a kumapiri kwathu anali atayambitsa bungwe lawo losungitsa ndi kubwereketsa ndalama. Anthu ankangoti banki, ngakhale kuti kanali kachipinda kamodzi ka njerwa zosawotcha, kokhala ndi tebulo, mpando ndi bokosi lachitsulo. Bankiyo inkafuna kalaliki. Ine sukulu ndinali nditaphunzirako pang'ono, ndipo ku nkhondo anandiika mosungira katundu wa asilikali, moti kulemba ndi kuwonkhetsa ndinkazidziwa bwino. Vuto linali limodzi. Lamulo limene linabwera ndi akuluakulu oyang'anira mabungwe otere linkati kalaliki asapitirire zaka makumi awiri ndi zisanu. Ine ndinali nditapitirira, zimenezo sindinabise.

Komiti ya bungwelo inali ya anthu oganiza. Wapampando wake, bambo wina wolima tirigu amene mwana wake anatsala ku nkhondo komweko, anati si chilungamo kuti munthu alandidwe zaka ndi boma, boma lomwelo n'kudzamuuzanso kuti wakalamba. Anapempha kwa akuluakulu aja, ndipo anawalola kuti amene anapita ku nkhondo awachotsere zaka zimene anathera kumeneko. Kwa ife asilikali akale malire anafika pa zaka makumi atatu. Anatiyesa masamu ndi kulemba, tinalipo anthu angapo, ndipo anasankha ine.

Abale inu, chimwemwe chake! Ndinathamanga kuchokera kubankiko mpaka kumudzi ngati ndaba kanthu. Mkazi wanga anandichapira malaya amodzi amene anatsala, n'kusoka kolala ndi ulusi wosolola pa thumba la mchere. Amalume aja anandipatsa moni woyamba iwo, chinthu chimene sichinachitikepo. Ndinkapita m'mawa, madzulo ndili pakhomo, kamtsikana kanga kali pamwendo. Ndinkangofuna zimenezo basi. Sindinkafuna njinga kapena nyumba yamalata, ndinkafuna kugona kwathu.

Mwezi usanathe, kunabwera mesenjala wa kubwalo la milandu. Mmodzi mwa amene tinayesedwa nawo anali mnyamata wongotuluka kumene sukulu, mwana wa mwini sitolo wa pamsika. Bambo akewo ndiwo anakasuma. Anati komiti yapotoza lamulo pofuna kukondera munthu wawo, ndipo ntchito inayenera kupita kwa mwana wawo amene anali m'kati mwa zaka zoyenera. Komiti inachita mantha, n'kundiuza kuti ndiyambe ndaima kufikira mlandu utatha. Makiyi a bokosi lija ndinawapereka.

Mlanduwo unatidyera dzinja lonse. Lero woweruza wadwala, mawa mtsinje wadzaza, mkuja akudikira yankho kuchokera kutauni. Ine ndinkangopondaponda matope kupita kubwalo ndi kubwerera, anzanga akupalira. Munda wanga unalowa thengo. Mwini sitolo uja analibe nazo kanthu, anali ndi antchito, ankabwera atavala chipewa ndi ambulera, n'kumandimwetulira ngati tinadyera limodzi. Ndinkalakalaka kumuthyola ambulerayo pamutu, Mulungu andikhululukire.

Pamapeto pake woweruza, bambo wodekha wokonda fodya wamphuno, ananena kuti komiti sinalakwe. Chilolezo chochotsera asilikali zaka chinachokera kwa eni lamulo, ndipo bwalo silingachifafanize. Ndinaimirira kuti ndiwombe m'manja. Ndisanatero, mwini sitolo uja anatsokomola n'kunena modzichepetsa kuti, “Zikomo, tamva. Malire ndi zaka makumi atatu, sititsutsa. Koma nanga munthuyu ali ndi zaka zingati?”

Anthu m'bwalomo anayang'anana. Kenaka ena anayamba kuseka, chifukwa funso limenelo kwathu linali lachilendo. Ndani ankadziwa zaka zake? Munthu ankadziwa amene anabadwa nawo nyengo imodzi, amene anaweta nawo mbuzi, amene ayenera kuwapatsa mpando, basi. Anatenga mapepala anga. La msonkho linanena zina, chifukwa wolemba msonkho anangondikweza mkono n'kuyang'ana m'khwapa, n'kuti wakula uyu. La usilikali linanena zina, chifukwa dokotala wa kumeneko anandiyang'ana mano ngati akugula bulu. Ubatizo ndinabatizidwa ndili ndi ndevu kale. Woweruza anawatembenuza mapepalawo n'kuti, “Awa akukangana okhaokha, sangatithandize. Bweretsani anthu amene anaona munthuyu akubadwa.”

Ine ndinatuluka ndikuseka. Kuyambira ndili mwana amayi ankandiuza kuti ndinabadwa chaka cha chilala, chimene chinabwera patapita zokolola zitatu kapena zinayi chichitikire mliri wa fuluwenza. Akakwiya nane ankati, “Iwe unabadwira m'chilala, n'chifukwa chake sukhuta.” Ndipo pabwalo paja aliyense ankavomereza kuti wobadwa chaka cha chilala sanakwanitse zaka makumi atatu, koma wobadwa chaka cha fuluwenza wapitirira. Ndinati apa ndiye ndawina, mboni yanga ndi mayi wondibala.

Ndinapita kumudzi kwa amayi n'kuwapeza akusenda nandolo pabwalo. Anali munthu wamng'ono thupi, wosalankhulalankhula, wa Mulungu kwambiri, koma wosunga miyambo yonse ya amayi awo. Nditawafotokozera anaika lichero pansi.

“Ine ndikaime pabwalo la amuna? Ndikanene za uchembere wanga pamaso pa amuna?”

“Amayi, simukanena zambiri ayi. Mukangoti ndinabadwa chaka cha chilala. Si zoona kodi?”

“Ndi zoona. Mawere anauma, ndinakulera ndi phala la madeya.”

“Ndiye mukanene zomwezo basi.”

Kenaka anafunsa ngati kukabwere anthu a ku Dambe. Bambo anga anali a ku Dambe, ndipo atangokwatirana anawatenga amayi chitengwa, n'kukakhala kumeneko zaka zingapo asanabwerere kwawo kwa amayi, ine ndili wakhanda. Ndinati sindikudziwa, ndipo abwere asabwere zilibe kanthu. Sindinaone kuti manja awo aleka kusenda. Maganizo anga onse anali pa makiyi a bokosi lija.

Tsiku la mlandu anthu anadzaza mpaka panja. Amuna anakhala pamabenchi kutsogolo, amayi pansi chakumbuyo monga mwa nthawi zonse. Mkazi wanga anaumirira kubwera ngakhale kuti mimba inali itakula, moti ankayenda atagwira m'chiuno. Anakhala moyandikana ndi amayi anga, apongozi ake, n'kumawakonzera mpango.

Mwini sitolo anabweretsa mboni imodzi yokha, nkhalamba ina ya ku Dambe yoyenda ndi ndodo. Inalankhula pang'onopang'ono, mosakuluwika. Inati pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse inatengedwa kukanyamula katundu wa asilikali, ndipo inabwerera kumudzi chaka cha fuluwenza, anthu akuikidwa awiriawiri. Inati nyumba yake inayang'anizana ndi ya bambo anga, ndipo inawaona amayi anga ndi maso ake ali ndi pakati potopa. Itangotha miyezi yochepa inapita ku Halale kukagwira ntchito, ndipo pobwerako patapita zaka inamva kuti banjalo linasamuka ndi mwana wawo wamwamuna. “Ndipo tonse tikudziwa,” inatero nkhalambayo, “kuti mwana wawo wachisamba ndi ameneyu waima apayu.”

Ndinafuula kuti bodza. Mesenjala anandikhazika pansi. Ndinati palibe kanthu, amayi awongola.

Anawaitana. Anabwera mowerama, n'kugwada patsogolo pa woweruza, maso ali pansi. Woweruza anawalankhula mwaulemu.

“Mayi, mwana wanuyu anabadwa liti?”

“Chaka cha chilala.”

Mtima wanga unakhala pansi. Koma mwini sitolo anapempha kuti afunseko, ndipo anamulola.

“Mayi, pepani, ine ndine mwana wanu. Kodi chaka cha fuluwenza, muli ku Dambe, munali ndi pakati?”

Amayi sanayankhe. Woweruza anabwereza funsolo, n'kuwakumbutsa kuti agwira Buku Lopatulika. Ndinawaona akutembenuka pang'ono kuyang'ana kumbuyo kumene kunakhala azimayi, kenaka anayang'ananso pansi.

“Ndinali napo.”

“Nanga mwana wanu woyamba ndani?”

Apa ndiye anakhala chete mpaka anthu anayamba kusuntha pamabenchi. Ine ndinkangoti m'mtima, nenani amayi, nenani chilichonse. Sindinkadziwa chimene ndinkafuna kuti anene, chifukwa nanenso mutu unali utaima. Pakati pa chaka cha fuluwenza? Sindinamvepo. Ndinkadziwa kuti ndine woyamba, alongo anga awiri ndi onditsatira.

“Mwana wanga woyamba ndi yemweyu,” anatero amayi, mawu ali pansipansi.

“Ndiye pakati pa chaka cha fuluwenza paja ndi pa yemweyu?”

Sanayankhenso. Anawafunsa kawiri, katatu, iwo ali duu ngati chitsa. Woweruza ananunkhiza fodya wake, n'kupukusa mutu. Anati mayiyu wavomera kuti anali ndi pakati chaka cha fuluwenza, wavomeranso kuti woyamba ndi ameneyu, ndipo mwana sakhala m'mimba zaka zinayi. Za chilala mwina asokoneza ndi mwana wina, poti ukalamba ndi matenda. Anagamula kuti ndapitirira zaka makumi atatu, ndipo ntchito ipite kwa wotsatira pa mayeso aja, mwana wa mwini sitolo uja. Anandiyang'ana ndi chisoni ndithu, koma chisoni sichidyedwa.

Kumbuyo kuja, kwa azimayi, sikunamveke ngakhale kutsokomola. Zimenezi ndinazikumbukira pambuyo pake. Pa nthawiyo sindinkaona kanthu, m'maso munali mdima.

Zimene ndinachita masiku otsatira ndi za munthu womira. Ndinapita kwa wapampando uja, anati manja ake ndi omangidwa, bwalo lanena. Ndinafunsa za apilo, zokadandaula kubwalo lalikulu, anandiuza kuti popanda umboni watsopano ndingotaya nthawi, ndipo ulendo wake ndi wa kutauni. Ndinakwera mapiri mpaka ku Dambe kukafuna wina wokumbukira. Amuna a msinkhu wa bambo anga ambiri anatha ndi fuluwenza ndi njala, otsalawo ankangoti, “Za azimayi ife sitidziwa.” Azimayi okalamba ndikawafunsa ankayang'ana kumbali n'kuyamba kukamba za mvula. Pomaliza, ndinene ndithu, ndinapita kusitolo kuja n'kugwada pa simenti pamaso pa munthu amene anandisumira. Ine, msilikali! Ndinati mwana wanu ndi wamng'ono, ntchito adzapeza ina kutauni, ine ndili ndi mwana wodwala ndi mkazi wotopa. Anandidzutsa mwaulemu, n'kundipatsa kachidutswa ka sopo kuti ndikapatse mayi a kunyumba. Sopoyo ndinamuponya m'tchire ndisanafike pamtsinje, ndipo mkazi wanga atamva anandikalipira, poti m'nyumba munalibe sopo.

Amayi sindinawalankhule. Anabwera kawiri kudzationa, ine ndinkatenga khasu n'kulowera kumunda. Ulendo wachitatu anandipeza pakhonde ndisanathawe, ndipo ndinawalankhula mawu amene mwana salankhula kwa make. Ndinati, “Mwandigulitsa. Munandibereka nokha, lero mukulephera kudziwa chaka? Kapena anakupatsani mchere kusitolo kuja?” Anangotula kamtanga ka nandolo kamene anabweretsa, n'kumapita. Mkazi wanga analira, n'kundiuza kuti ndisadzayerekezenso. Ndinamufunsa ngati akudziwapo kanthu, anati sakudziwa, ndipo ndikhulupirira kuti sankadziwadi.

Chimanga cha chaka chimenecho sichinadzaze ngakhale theka la nkhokwe, poti ndinalima kubwalo la milandu. Amalume aja sanafunikenso kunena kanthu, ankangondiyang'ana. Ndinakalembetsa za ku Joni. Mkazi wanga anali atatsala pang'ono kuchira, koma olemba anthu sadikira mimba ya munthu.

M'mawa wa tsiku lonyamuka ndinatsanzika m'nyumba. Kamtsikana kanga kanagwira mwendo wa kabudula wanga osafuna kusiya, mpaka make anachita kukamasula zala. Ndinatsika njira yolowera ku Matope ndi kamtolo kanga. Nditadutsa minda ya m'mudzi, pamene njira imakhotera kudambo, ndinapeza amayi atakhala pamwala. Anali atayenda kuchokera kwawo kusanache kuti adzandidikire pamenepo. Ndinafuna kuwapitirira, koma ndinaima.

“Khala pansi,” anatero. Anayang'ana uku ndi uku kuti aone ngati kukubwera munthu. “Ndikuuza chinthu chimene mwamuna sauzidwa. Ukachimva uchisiye pompano.”

Ndinakhala pansi.

“Pakati pa fuluwenza paja sipanali pa iwe. Anali mnzako, wamwamuna. Ndinadwala malungo a mliriwo, ndipo anabadwa masiku asanakwane. Sanalire. Azimayi anamutenga n'kukamuika kudambo, m'mphepete mwa madzi, dzuwa lisanatuluke. Ine sindinapiteko, malo ake sindiwadziwa.”

Unali mtayo. Kwathu mwana wobadwa wakufa sawerengedwa kuti ndi munthu. Salira maliro, sapatsidwa dzina, amuna sapitako ndipo sauzidwa kanthu. Amaikidwa ndi azimayi okhaokha m'kadzenje kosaya, ndipo nkhani imathera pomwepo. Mayi akafunsidwa ana ake, ameneyo samutchula. N'chifukwa chake woyamba ndinali ine, ndipo amayi sananame ngakhale liwu limodzi pabwalo paja.

Ndinaimirira. “Amayi! Mawu awiri okha! Mukanangoti pakati pamenepo panapita padera, basi, bwenzi lero ndili pantchito! Mwambo ndi chiyani poyerekeza ndi ana anga? Inu ndinu Mkhristu!”

“Za amuna aja ndikanapirira,” anatero. “Manyazi sapha. Ndinatsegula pakamwa kuti ndinene. Koma nditacheuka ndinaona mkazi wako ali pompo ndi mimba yake, akundiyang'ana. Za mtayo sazitchula pamaso pa wapakati, mwana amamva n'kutsatira mnzake. Ine ndinataya mmodzi, ndikudziwa mmene zimawawira. Ndikanaitanira mdzukulu wanga zimenezo chifukwa cha mpando wa kalaliki?”

“Nanga bwanji simunandiuze pambuyo pake? Bwenzi nditachita apilo!”

“Kuti nkhani ikafikenso pabwalo, mudzi wonse uziikamba, iye asanachire? Ayi. Ndipo azimayi onse anali kumbuyo kuja anadziwa chimene ndinakhalira chete. Unamva wina akutsokomola?”

Ndinalira ngati mwana pamwala paja. Ndinalira ndi ukali, chifukwa ndinalibe woti ndimumenye. Ndikanati amayi ndi mbuli, koma anachita zimenezo pofuna mwana wanga yemwe. Ndikanati ndibwerere ndikanene ndekha kubwalo, koma mkazi wanga anali asanachire, ndipo ngakhale ine, amene ndinaona maiko ndi sitima za pamadzi, nditaganiza zokatchula mawu amenewo iye ali ndi mimba, ndinaona kuti sindingathe. Ndiye kuti mwambowo unali mwa inenso. Nkhalamba ya ku Dambe ija mpaka lero ndimaikayikira. Nyumba zoyang'anizana, mkazi wake osainong'oneza kanthu? Ndimaganiza kuti inkadziwa bwino lomwe kuti pali mawu amene mayi sangawatulutse pabwalo, ndipo mwini sitolo anamanga mlandu wake wonse pamenepo. Koma umboni ndilibe, ndipo onsewo anapita kale.

Amayi anamasula kansalu n'kundipatsa mbatata zowotcha ziwiri za paulendo. Ndinalandira ndi manja awiri. Sindinapepese za mawu a mchere aja, ndinati ndidzapepesa pobwera, ndi bulangete m'manja. Anandiperekeza mpaka pamene dambo limathera, n'kuima. Nditafika patali ndinacheuka, anali akadali pomwepo, dzanja lili pachipumi.

Ndinawoloka Shire pa Matope, mtsinje umene ndinalumbira kuti sindidzawolokanso. Kumene ankatilemba, kalaliki anandifunsa zaka. Ndisanayankhe, mnzanga wa kwathu amene anali pamzere anati, “Ameneyu ndi wa fuluwenza, bwalo linagamula.” Anthu anaseka, kalalikiyo n'kulemba zomwezo pachitupa. Sindinatsutse. Ndinalowa mumgodi ndi zaka za mkulu wanga, ndipo ndi zomwe zili pa mapepala anga onse mpaka lero. Iye amene sanapume ngakhale kamodzi, boma limamudziwa. Ine wobadwa m'chilala sindinalembedwe paliponse.

Mwana anabadwa wamoyo, wamwamuna, wonenepa. Uthenga unandipeza kumgodi patapita miyezi. Ndinkati ndikhala chaka chimodzi kapena ziwiri, koma ku Joni sikuchoka msanga. Ukati ubwerere, kumudzi kwagwa vuto lina lofuna ndalama, n'kulembetsanso. Ndinabwerako zaka za m'ma 1950 zili kumapeto, chifuwa chitayamba kale kulira ngati chitseko.

Pakhomo ndinapeza kamtsikana kaja katatalika, kakusinja. Kanandizindikira, n'kugwetsa munsi. Pambali pake panaima mnyamata wamphamvu, wamaso ngati a bambo anga, atagwira legeni. Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, n'kuthamangira kuseri kwa nyumba akufuula, “Amayi, kwabwera alendo!”

M'sutikesi mwanga munali bulangete lofiira, lolemera, limene ndinasankhira amayi. Mkazi wanga ataliona anakhala pansi n'kuphimba nkhope. Anati kalata anatumiza, kaya inathera kuti. Amayi anali atamwalira dzinja lapitalo. Anati masiku awo omaliza ankakonda kumuika mnyamatayo pamwendo, ngakhale anali atakula, n'kumamupsinja mikono ngati akuona ngati alidi yense.

Mawa lake anandiperekeza kumanda. Mnyamata uja ndiye ankatsogolera, poti njira ankaidziwa, akudumphadumpha ndi legeni yake. Anandilozera mulu wa dothi n'kuti, “Agogo ali apa.” Tsekera anali atamera kale. Ndinaima pamenepo ndi bulangete m'manja, ndipo ndinachita kumufunsa mwanayo mbali imene kunali mutu.